OD wa adokotala si OD wa kubanki

Pafupifupi nyumba iliyonse m'dziko muno ili ndi kabuku ka kuchipatala. Ena amakasunga m'sutikesi pamodzi ndi masatifiketi a sukulu, ena amakakulunga m'jumbo kuopa mvula ndi chiswe. Koma ngakhale kabukuka kali ndi dzina la mwini wake pachikuto, zambiri zolembedwa m'katimo mwini wakeyo sangathe kuzimasulira.

Anthu amakonda kuseka kalembedwe ka madokotala, amati kamaoneka ngati pomwe yapalasa nkhuku. Koma ngakhale dokotala atalemba mooneka bwino ngati mphunzitsi wa Sitandade 1, vuto lina likhalapobe. Vutoli ndi zilembo zachidule zomwe zimabwera pambuyo pa dzina la mankhwala, monga OD, BD ndi TDS.

Pa zonsezi, OD ndiye wofunika kumuyang'anitsitsa. Zilembo ziwiri zomwezi zili ndi matanthauzo osachepera asanu m'Chingerezi, ndipo tanthauzo lake limadalira khomo lomwe munthu walowa.

Dokotala kapena namwino akalemba OD pambali pa dzina la mankhwala, ndiye kuti wodwala amwe kamodzi pa tsiku. Ambiri amangoti ndi chidule cha mawu oti "once daily", ndipo tanthauzo lake nlomwelo, koma gwero lake ndi Chilatini, "omni die", kutanthauza tsiku lililonse. Abale ake nawonso adachokera komweko. BD ndi "bis die", kawiri pa tsiku. TDS ndi "ter die sumendum", katatu pa tsiku, pomwe QDS ndi kanayi. Akalemba "nocte" ndiye kuti usiku, PRN ndiye kuti pokhapokha pakafunika, ndipo "stat" ndiye kuti pompopompo. Kalembedwe aka nkofala ku Britain ndi m'maiko omwe adatengera maphunziro a zaumoyo kumeneko, kuphatikizapo Malawi.

Munthu yemweyo akapita kukapimitsa maso, akamupezanso OD papepala la magalasi, koma atavala malaya ena. Kumeneko OD ndi "oculus dexter", diso la kumanja, ndipo mnzake OS ndi diso la kumanzere.

Akatuluka nkulowa m'banki, OD pa sitetimenti ndi "overdraft", kutanthauza kuti watapa ndalama zoposa zomwe zidali mu akaunti, ndipo tsopano ali ndi ngongole yomwe ikubereka chiwongoladzanja. Akapita kuhadiweya kukagula mapaipi, OD ndi "outside diameter", kukula kwa paipi poyeza kunja kwake, kusiyana ndi ID yemwe ndi muyeso wa m'kati. Pulambala yemwe wasokoneza ziwirizi amabwerera kusitolo ndi mapaipi osalumikizika.

Tanthauzo lachisanu ndi lomwe achinyamata ambiri amalidziwa kuposa onsewa, chifukwa ndi lomwe limamveka m'mafilimu, m'nyimbo ndi pa intaneti. M'Chingerezi chocheza, OD ndi "overdose", kumwa mankhwala mopyola muyeso mpaka kukomoka kapena kufa kumene. Achinyamata ena a ku America adafika politambasula, moti chilichonse chochita monyanyira amangoti ndi OD.

Apa ndiye pagona nkhani. Zilembo zomwe kwa dokotala zikutanthauza kumwa kamodzi kokha, kwa mwana wa Fomu 4 yemwe Chingerezi chake chambiri wachitola m'mafilimu zikutanthauza kumwa mopitirira. Ndipo m'mabanja ambiri, mwana wa sukulu ndiye amapatsidwa kabuku ka agogo kuti awerenge zomwe alemba adokotala. Mwanayo safuna kuoneka mbuli pamaso pa makolo omwe akumulipirira fizi, choncho amaganizira. Angaone OD nkuopseza agogo kuti mankhwalawa ngoopsa, asiye. Angaone BD nkuganiza kuti ndi "before dinner", agogo nkumamwa kamodzi madzulo m'malo mwa kawiri. Kudziwa Chingerezi sikumuthandiza, chifukwa zomwe akuwerengazo si Chingerezi.

Wina angati izi nzongopeka, anthu a kuchipatala amadziwa zomwe akulemba. Koma nawonso amasokonezeka, ngakhale m'maiko olemera. M'chaka cha 2004, bungwe la Joint Commission, lomwe limayendera ndi kuvomereza zipatala ku America, lidatulutsa mndandanda wa zidule zomwe ogwira ntchito m'zipatala sayenera kulemba. Pa mndandandawo padali QD, yemwe kumeneko amatanthauza kamodzi pa tsiku, chifukwa akalembedwa mothamanga amaoneka ngati QID, kanayi pa tsiku. Padalinso chilembo U, choimira mayunitsi a mankhwala monga insulin ya odwala shuga, chifukwa chimaoneka ngati ziro. Munthu wofunika mayunitsi 4 atha kubayidwa 40.

Bungwe linanso la ku America komweko, Institute for Safe Medication Practices, lidaika OD weniweniyu pakati pa zidule zobweretsa ngozi. Chifukwa chake nchakuti wowerenga atha kumutenga ngati diso la kumanja, nkudonthetsera m'diso mankhwala amadzi oyenera kumwa. Ngati anamwino ophunzira bwino, owerenga m'chipatala chowala magetsi, angaphonye chonchi, nanga bwanji mayi yemwe akuwerenga ndi tochi ya pafoni pakati pa usiku mwana akutentha thupi?

Kusiyana kwa kamodzi, kawiri ndi katatu si nkhani yamasewera. Mankhwala a malungo a LA, omwe adalowa m'malo mwa Fansidar m'chaka cha 2007, amamwa kawiri pa tsiku kwa masiku atatu, maulendo asanu ndi limodzi onse pamodzi. Womwa kamodzi pa tsiku, kapena wosiyira panjira poona kuti mutu waleka, amasiya tizilombo tina tamoyo m'magazi ndipo malungo amabwerera.

Mankhwala ambiri a BP amamwa kamodzi pa tsiku. Wowamwa katatu poganiza kuti mankhwala onse amayenda m'mawa, masana ndi madzulo atha kuchita chizungulire nkugwa, magazi atatsika mphamvu mopitirira. Ma ARV omwe anthu ambiri akulandira masiku ano nawonso ndi a kamodzi pa tsiku, pa nthawi yofanana tsiku lililonse.

Ngakhale Panado, yemwe amagulidwa pa okala iliyonse ngati switi, ali ndi malire. Munthu wamkulu sayenera kupitirira mapiritsi 8 a 500mg pa maola 24. Kupyola apo kumaononga chiwindi, ndipo choopsa nchakuti tsiku loyamba munthu atha kuoneka bwinobwino, vuto nkudzaonekera patapita masiku awiri kapena atatu. Apa ndi pomwe OD wa m'mafilimu uja amalowa m'nyumba ya munthu yemwe sadakhudzepo chamba kapena mankhwala ozunguza bongo.

Zoona, wodwala sayenera kudalira kabuku kokha. Pawindo lolandirira mankhwala amauzidwa kamwedwe, ndipo pakathumba ka mapiritsi pamalembedwa manambala. Koma manambalawo nawonso ali ndi msampha wake. Kodi 2 x 3 ndi mapiritsi awiri katatu pa tsiku, kapena atatu kawiri pa tsiku? Wolembayo akudziwa, koma wolandira yemwe waima pamzere kuyambira m'mamawa, njala ili m'mimba, mwana akulira kumbuyo, amangovomera kuti wamva. Akafika kunyumba ndi timatumba titatu ta mapiritsi oyera ofanana, zomwe adauzidwa zija zasakanikirana. Ndi nthawi imeneyi pomwe kabuku kamatsegulidwa ndipo mwana wa sukulu amaitanidwa.

Nkhaniyi ili ndi mbali yachiwiri yomwe siyenera kunyozedwa. Ogwira ntchito m'zipatala za boma ndi ochepa poyerekeza ndi odwala, ndipo wachipatala mmodzi amaona mzere womwe sutha mpaka dzuwa kupendeka. Kwa iye zilembo ziwiri nzachangu kuposa mawu atatu. Zidulezi zimathandizanso kuti wa ku Chitipa ndi wa ku Nsanje amvane popanda kufunsana, ngakhale odwala awo amayankhula zinenero zosiyana. Palibe chifukwa chowaletsera kulemberana okhaokha m'njira yomwe adaphunzira.

Koma kabuku ka kuchipatala sikatsala m'kabati ya dokotala. Kamapita kunyumba, ndipo kumeneko ndi komwe mankhwala ambiri amamwedwa, popanda namwino pafupi. Uthenga womwe ukupita kunyumba uyenera kulembedwa m'chinenero cha pakhomopo.

Izi sizifuna ndalama za mabungwe akunja. Mawu oti "kamodzi pa tsiku" amatenga masekondi ochepa kulemba pakathumba ka mankhwala. Ngati nthawi ili yochepa, zidindo zinayi zokha, cha kamodzi, kawiri, katatu ndi kanayi pa tsiku, zingakwane pawindo lililonse, m'Chichewa, Chitumbuka, Chiyao kapena chinenero chomwe chimamveka m'deralo. Timatumba tina timabwera kale ndi zithunzi za dzuwa ndi mwezi zothandiza osadziwa kuwerenga, chongofunika nkuzichonga ndi kumuonetsa wodwala tanthauzo lake. Tsamba limodzi la m'kabuku komweko lingathenso kusindikizidwa ndi matanthauzo a zidule zofala, kuti mwana wa Fomu 4 uja akhale ndi pomwe angaonere m'malo mongopeka.

Unduna wa Zaumoyo ndi bungwe loona za mankhwala la Pharmacy and Medicines Regulatory Authority ali ndi mphamvu zoti izi zikhale lamulo m'zipatala ndi m'mafamase onse, a boma, a mishoni ndi a anthu wamba. Sukulu zophunzitsa anthu a zaumoyo, monga Kamuzu University of Health Sciences ndi Malawi College of Health Sciences, zingaphunzitse ophunzira awo kuti ntchito siithera polemba mankhwala oyenera, koma pomwe wodwala wamvetsa kamwedwe kake.

Pomwe izi zikudikirika, mabanja nawo ali ndi gawo lawo. Akuluakulu adati safunsa adadya phula. Munthu asachoke pawindo la mankhwala asadapeze mayankho a mafunso atatu: mapiritsi angati, kangati pa tsiku, kwa masiku angati. Akauzidwa, abwereze mokweza zomwe wamvazo kuti wopereka mankhwalayo avomereze kapena akonze. Ngati timatumba tili tingapo, afunse za kalikonse pakokha, ndipo ngati nkotheka alembe m'mawu ake pakathumba pomwepo. Omwe ali pambuyo pamzere angang'ung'udze, koma sadzakhalapo usiku zinthu zikavuta.

Woperekeza wodwala, makamaka wokalamba kapena mwana, ndiye ayenera kutchera khutu kwambiri, chifukwa wodwala mwini wake nthawi zambiri mutu sukhala ukugwira. Ndipo kukaikira kukabwera munthu ali kale kunyumba, kuli bwino kubwerera kuchipatala, kupita kufamase yovomerezeka kapena kufunsa alangizi a zaumoyo a m'deralo kusiyana nkufunsa oyandikana nawo nyumba. Mankhwala a mnansi, ngakhale atafanana mtundu ndi kukula, si umboni wa kamwedwe ka mankhwala a munthu wina.

Ana a sukulu nawonso auzidwe kuti kunena kuti "izi sindikuzidziwa" si manyazi. Palibe mphunzitsi wa Chingerezi yemwe amaphunzitsa "ter die sumendum" ku sekondale, ndipo ngakhale mzungu wobadwira ku London yemwe sadaphunzire zaumoyo sangamasulire TDS. Makolo asakakamize mwana kuyankha pofuna kuona phindu la fizi.

Chidule cha mawu chimagwira ntchito pokhapokha wolemba ndi wowerenga akudziwa chinthu chimodzi. Kubanki, wosamvetsa OD amataya ndalama, ndipo ndalama zimapezekanso. Kuhadiweya amabweza paipi nkutenga ina. Koma kuchipatala kulakwitsa kumalipiridwa ndi thupi la munthu, nthawi zina la mwana yemwe sadasankhe kanthu. Nchifukwa chake mwa ma OD onse asanu, wa m'kabuku ka kuchipatala ndiye woyenera kulembedwa m'mawu athunthu omwe mayi aliyense angawerenge yekha.