Lekani kutola mafayilo a DLL m'misewu ya pa intaneti

Lolemba m'mawa, kalaliki wa mu ofesi ina akutsegula pulogalamu ya malipiro. Pagalasi patuluka kabokosi kakuti OWC11.dll sikupezeka. Abwana akufuna lipoti isanakwane 10 koloko. Aitana mnyamata "wodziwa makompyuta". Iye alemba dzina la fayiloyo pa Google, atsegula tsamba loyamba kuoneka, akopera fayilo, aiponya mu System32, alandira yake ya thiransipoti, ulendo. Ofesi yonse imuyamika. Ine ndikuti mnyamatayo sanakonze kanthu. Wasiya chitseko pululu kuti akuba alowe, ndipo mwamulipira pa ntchito imeneyo.

Fayilo ya DLL ili ngati mjigo wa pamudzi. Banja lililonse silikumba chitsime chakechake, onse amatunga pamodzi. Mapulogalamu a Windows nawonso amabwerekana mafayilo amenewa pojambula matchati, powerengera ndi posindikiza. Mjigo ukafa, ludzu limagwira mudzi wonse. Koma chimene ambiri sachidziwa n'chakuti DLL si kalata yongowerenga. Ndi malangizo amene kompyuta imawamvera, ndipo imagwira ntchito ndi mphamvu zonse za pulogalamu imene yaiitana. Ikaitanidwa ndi pulogalamu ya malipiro, imaona malipiro a aliyense, manambala a ku banki, zonse. Nanga chinthu chotere n'chotola pamsewu? Mankhwala opanda dzina ogulitsidwa pa thebulo kumsika mumawakana, koma fayilo yosadziwika mwini wake mumaimwetsa kompyuta yosunga ndalama za antchito!

Masamba ogawa ma DLL amaoneka aukhondo, mabatani obiriwira, malonjezo okoma. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Palibe amene angakutsimikizireni kuti fayiloyo sanaisakanize ndi vayirasi. Ngakhale itakhala yabwinobwino, mavuto sathera pomwepo. Fayilo imodzi imakhala ndi mitundu yambiri ya zaka zosiyana, ndipo yolakwika imagwetsa mapulogalamu ena amene ankayenda bwino. Palinso msampha umene anyamata athu ambiri amagwamo: pa Windows ya 64-bit, foda ya System32 imasunga mafayilo a 64-bit, pamene a 32-bit amakhala mu SysWOW64. Dzina likunena china, m'kati muli china. Woponya fayilo mwachimbulimbuli amangowonjezera bala pa chilonda.

Komabe mnyamatayo ndimusiye kaye, chifukwa wolakwa weniweni wakhala pa mpando wandalema. OWC11.dll ndi gawo la Office Web Components, zipangizo zimene Microsoft inayamba kupereka ndi Office 2000 kuti matebulo owerengera ndi matchati azioneka pa tsamba la intaneti. Mtundu wa 11 unabwera ndi Office 2003. Pofika Office 2007, kampaniyo inali itazichotsa. Office 2003 inasiya kulandira chithandizo pa 8 Epulo 2014. Zipangizozi zinkadalira ActiveX ya mu Internet Explorer, imenenso inapumitsidwa pa 15 Juni 2022. Tsono ofesi imene ikulirira OWC11.dll lero ikukhala m'nyumba imene mmisiri wake anachenjeza kalekale kuti idzagwa. Abwana, chaka ndi chaka mumapeza ndalama ya galimoto yatsopano ndi misonkhano ya kunyanja, koma ya pulogalamu imene imalipira antchito anu ikusowa? Nanunso ogulitsa mapulogalamu, mumatolera ndalama pachaka pa katundu womangidwa pa maziko akufa, manyazi mulibe?

Njira yoyenera si yovuta, ndipo nthawi zambiri ndi yaulere. Ngati chasowa ndi MSVCP140.dll kapena VCRUNTIME140.dll, ikani Microsoft Visual C++ Redistributable kuchokera pa tsamba la Microsoft lenilenilo, ndipo mafayilo onse apachibale abwera pamodzi, aliyense pamalo pake. Ngati ndi fayilo ya Office, pulogalamuyo ili ndi njira yodzikonza yokha pamene pali mndandanda wa mapulogalamu oikidwa. Ngati ndi ya Windows, lamulo la sfc /scannow limafufuza ndi kubwezeretsa zowonongeka. Yang'ananinso kwa antivayirasi, chifukwa nthawi zina ndiye watsekera fayiloyo, ndipo mwina ali ndi chifukwa chomveka. Izi zimachitika kawirikawiri ndi Office yakuba imene yadzaza m'makompyuta ambiri kuno kwathu. Ngati pulogalamu ikufunabe zipangizo za 2003, mwini wake aitanidwe, auzidwe kuti aisamutsire pa maziko atsopano, apo ayi mgwirizano uthe.

Ena ati intaneti ndi yodula, nthawi ndi yochepa, abwana akukalipa. Ndamva. Koma kuthamanga sikufika. Mphindi khumi zimene mwapulumutsa lero mudzazilipira ndi masabata, tsiku limene mafayilo onse adzatsekedwe ndi anthu ofuna dipo, antchito ali pakhomo kudikira malipiro.

Mnyamata uja akadzabweranso ndi fulashi m'thumba, musamuthamangitse. Mukhazikeni pansi, mumufunse funso limodzi lokha: "Fayilo imeneyi waitenga kwa ndani?" Akayamba kukanda kumutu, fulashiyo isayandikire kompyuta yanu.