NG'OMA SIIMITSA DZUWA, KOMA ICEDWETSA NJOBVU

Awerengi athu a ku Malambo, mlungu uno tiyambe ndi cinthu cimene kulibe. Tiyerekeze kuti anzeru apanga makina aang'ono onga wailesi, opacika pamtengo m'mbali mwa munda. Njobvu ikangoponda pamalire, makinawo alira, ndipo kulira kwake kucedwetsa nthawi pamalo pomwepo, kotero kuti mwendo umene njobvu yanyamula madzulo ukatera pansi tambala atalira. Mwini munda agona m'nyumba mwake, m'mawa napeza cimanga ciri ciriri.

Makina otere musawayembekezere pa lole yocokera ku Chipata. Phokoso ndi kunjenjemera kwa mpweya cabe, koyenda mamita ngati 340 pa sekondi imodzi. Ndico cifukwa cake muona mphezi poyamba, bingu nkumveka pambuyo. Pa nthawi liribe mphamvu. Nzoona kuti nthawi itha kucedwa. Albert Einstein analongosola mu 1905 kuti koloko yoyenda paliwiro lalikulu itsalira m'mbuyo, ndipo mu 1971 akatswiri awiri a ku America, Hafele ndi Keating, anakweza makoloko m'ndeke nazungulira nao dziko lonse. Kusiyana kunapezekadi, koma sikunakwane ngakhale gawo limodzi mwa magawo miliyoni a sekondi. Ndi kanthawi kotere njobvu siingatsinzine nkomwe.

Komabe yense amene anagonapo pamsasa wa kumunda kwa Mfumu Kakumbi, Mnkhanya kapena Nsefu adziwa kuti phokoso ndilo cida cimene alimi akhala naco kuyambira kale. Cimanga cikayamba kukhwima, njobvu zituluka m'thengo la Lupande, zina kuoloka Luangwa kucokera m'paki. Mabanja asiya nyumba nakasonkha moto kumunda. Aomba ng'oma, agogoda zitini ndi makasu, akuwa mpaka mau kusasa. Njobvu ziima, zibwerera. Cimene mlimi wapindula pamenepa ndi usiku umodzi wokha, ndipo mawa ayambanso. Tsono makina ocedwetsa aja tiri nao kale, koma mafuta ake ndi mmero ndi tulo ta munthu. Udzudzu nao ulandirapo gawo lake, ndipo mwana amene wacezera kumunda ndiye aodzera m'kalasi.

Bvuto nlakuti njobvu ndi nyama ya makutu, ndiponso yocenjera. Mu 1984 Mai Katy Payne anazindikira mumzinda wa Portland ku America kuti njobvu zilankhulana ndi mau apansi kwambiri amene khutu la munthu silingamve, mau oyenda makilomita angapo. Nyama yotere siicedwa kudziwa kuti kumbuyo kwa citini kulibe kanthu. Masiku oyamba ithawa. Pambuyo pake camphongo cacikulu cingodya cimanga ng'oma iri kulira. Ngozi iri pomwepa. Munthu poona kuti nyama siikumvera asendera pafupi ndi muuni m'manja, ndipo ena m'cigwa cino anataya moyo motero.

Phokoso limene njobvu siilizolowera msanga ndi lija lobwera ndi ululu. Ku Kenya, Mai Lucy King anaonetsa mu 2007 kuti njobvu zikamva kulira kwa njuci zokwiya, ngakhale kojambulidwa cabe, pafupifupi magulu onse acoka pamthunzi mofulumira, cifukwa zidziwa mbola m'citamba ndi m'maso. Kucokera apo kunabadwa mpanda wa ming'oma ya njuci yolumikizidwa ndi waya: njobvu ikakhudza waya, ming'oma igwedezeka, eni ake natuluka. Taonani cilankhulo cathu: ng'oma ndi mng'oma zisiyana ndi lemba limodzi, koma winayo aluma, napatsanso uci wogulitsa.

Kuno kwathu bungwe la Conservation South Luangwa, lomwe linayamba mu 2003, lakhala likuphunzitsa anthu a m'midzi kuomba mfuti zothiramo tsabola m'malo mwa cipolopolo. Kuphulika kutsatana ndi kuyabwa, ndipo njobvu ikumbuka. Koma kunena mosabisa, mfuti kapena ng'oma ya munthu mmodzi ingopirikitsira njobvu m'munda wa mnansi wake. Minda yoyandikana, yolondedwa ndi mudzi wonse mosinthana, ndiyo ipatsa aliyense mpata wogona.

Kumbukirani kuti lamulo la nyama zakuthengo la 2015 silinaike malipiro a munda wodyedwa. Kukadziwitsa a Dipatimenti ya National Parks and Wildlife, imene inalowa m'malo mwa ZAWA mu 2016, nkoyenera ndithu, koma thumba la cimanga silibwerera. Masiku amene phokoso lakugulirani agwire nchito: cimanga cikauma cisagonere pamikukwe kumunda. Ndipo cikafika pamudzi, nkhokwe ya nsungwi ndi udzu njobvu iiphwasula ngati dengu. Nkhokwe ya njerwa ndi simenti yochedwa felumbu, yotsekeka bwino kotero kuti fungo silituluka, yamangidwa kale m'midzi ina ya boma la Mambwe. Ofuna kudziwa mamangidwe ake afunse a Community Resources Board ya kwa mfumu yao kukali cilimwe, njerwa zikali kuumbika.