Wolemba zoona za kwawo sagulitsa dziko

Pali mawu amene akuyenda kwambiri masiku ano pa WhatsApp, pa Facebook, ngakhalenso m'minibasi za ku Zingwangwa anthu akamaweruka madzulo. Akuti munthu amene walemba buku la moyo wake, n'kufotokozamo umphawi, nkhanza ndi zamanyazi za pakwawo, ndiye kuti akuvula dziko pagulu kuti azungu amuombere m'manja ndi kumupatsa ndalama. Onena mawuwa amatsindika kuti za m'nyumba sizituluka kunja. Ife tikuwakana maganizo amenewa, chifukwa tikudziwa amene amapindula anthu akatseka pakamwa.

Mlandu womwewu anamuimbapo mayi Edna O'Brien wa ku Ireland. Mayiyu anabadwa mu 1930 m'mudzi wa Tuamgraney, m'banja lachikatolika lolimbikira mapemphero. Mu 1960 anatulutsa buku lake loyamba, The Country Girls, lokamba za atsikana awiri akumudzi amene anachotsedwa pasukulu ya masisitere n'kupita kukafuna moyo mumzinda wa Dublin. Analemba zimene atsikana amaganiza ndi kulakalaka, ndiponso mmene bambo woledzera amazunzira banja lake. Bungwe la boma loona za mabuku linaletsa bukulo, n'kuletsanso ena amene anatsatira. Anthu a kwawo ankati wachititsa manyazi akazi a dziko lonse. Mu 1965 mlembi mnzake John McGahern analemba The Dark, buku lake linaletsedwa, iyenso anachotsedwa ntchito yauphunzitsi.

Nanga kuletsako kunateteza ndani? Nthawi yomwe mabukuwa ankatsekeredwa, atsikana ambiri amene anatenga mimba asanakwatiwe ankatsekeredwanso m'nyumba zochapiramo zovala zotchedwa Magdalene, zoyendetsedwa ndi masisitere, kumene ankagwira ntchito osalipidwa. Nyumba yomaliza yotere inatsekedwa mu 1996, ndipo mu 2013 mtsogoleri wa boma Enda Kenny anapepesa kwa amayiwo m'nyumba ya malamulo. Amene ananyazitsa Ireland ndi aja ankachita nkhanzazo pamodzi ndi aja ankazibisa. O'Brien anangoyamba msanga kunena zimene dziko lonse linadzavomera pambuyo pake. Mu 2012 analemba mbiri ya moyo wake, Country Girl. Mu 2015 Pulezidenti Michael D. Higgins anamuveka ulemu waukulu umene amisiri a luso amalandira m'dzikolo, ndipo mu 2019 mzinda wa Dublin unasankha buku loletsedwa lija, pamodzi ndi awiri otsatira, kuti anthu onse awerenge. Anamwalira mu 2024 ali ndi zaka 93, dziko likumunyadira.

Ifenso njira imeneyi tinaiyenda. Lamulo loletsa mabuku ndi zisudzo linakhazikitsidwa kuno mu 1968, ndipo kwa zaka zambiri aliyense wotchula cholakwika ankatchedwa chigawenga kapena woukira boma. Jack Mapanje anatulutsa ndakatulo zake, Of Chameleons and Gods, mu 1981. Mu 1987 anamangidwa ku Zomba n'kukatsekeredwa kundende ya Mikuyu popanda kuzengedwa mlandu mpaka 1991. Mnzake wina amene anathandiza kuti dziko lapansi limve za kumangidwako anali wansembe wa ku Ireland, Bambo Pádraig Ó Máille, mphunzitsi pa Chancellor College, amene anathamangitsidwa m'dziko muno mu 1992 ndipo analemba yake mbiri, Living Dangerously. Mapanje analemba za kundendeko m'buku la And Crocodiles Are Hungry at Night la mu 2011. Mwana wobadwa pambuyo pa 1994 akadadziwa bwanji zimene zinkachitika ku Mikuyu anthu ngati amenewa akadamvera zoti za m'nyumba sizituluka?

Tisapite kutali, tione pakhomo pomwe pano. Mtsikana wa Folomu 2 wapatsidwa mimba ndi wachibale amene amamulipirira fizi. Akuluakulu akhala pakhonde, akambirana monong'ona, m'mawa mwake mwanayo amukweza basi ya kumudzi kwa agogo ake, yunifolomu yake iperekedwa kwa mng'ono wake. Wolakwa uja Lamulungu ali kutsogolo kutchalitchi. Mtsikanayu akadzakula n'kulemba zimene zinamuchitikira, tidzati wanyazitsa Zingwangwa? Kapena taganizani za mabanja amene anamanga m'mphepete mwa phiri la Soche chifukwa lendi ya m'munsi inawakanika, mpaka namondwe wa Freddy anabwera mu Malichi 2023, matope ndi miyala n'kukokolola nyumba ku Chilobwe ndi ku Manja. Wopulumuka akalemba mmene malowo ankagawidwira ndi mmene anakumbira abale ake ndi khasu, akuchenjeza ife tomwe. Paja amati wakutsina khutu ndi mnansi.

Pali mfundo imodzi ya odandaulawa imene ndi yomveka. Mabuku ambiri otere amalembedwa m'Chingerezi, amasindikizidwa ku London kapena ku New York, ndipo akafika kuno mtengo wake mayi wogulitsa tomato pamsika wa Zingwangwa sangaukwanitse. Motero nkhani yathu amaiwerenga alendo, eni ake n'kumangomva mphekesera. Palinso alembi ena amene amakokomeza mavuto pofuna kumvetsa chisoni. Koma mankhwala ake si kutseka anthu pakamwa. Wonama timutsutse ndi umboni, titchule tsamba ndi pamene wanamapo. Tisamuweruze munthu tisanatsegule n'komwe buku lake, monga akuchitira ambiri amene akufalitsa mawuwa.

Tikupempha osindikiza mabuku, bungwe la alembi la MAWU ndi a National Library Service kuti mbiri za moyo wa Amalawi zimasuliridwe ndi kulembedwa m'Chichewa, zipezeke m'malaibulale a m'sukulu za m'makomboni athu. Ndipo inu a ku Zingwangwa, Ndirande, Bangwe, Chilomoni ndi Machinjiri amene muli ndi nkhani yanu, gulani kope muyambe kulemba, zokoma ndi zowawa zomwe. Mukapanda kutero adzakulemberani ena, ndipo adzasiya zimene sakufuna kuti zidziwike.