Tiyeni Tiphunzitse Mbiri Poyenda Pansi

M'mizinda yambiri ya pa dziko lapansi muli ntchito ina imene alendo amailipira ndalama zambiri. Munthu wodziŵa bwino mzindawo amatsogolera kagulu ka anthu nayenda nawo pansi m'miseu ndi m'misika, kuima apa kuti alaŵe chakudya, kuima apo kuti aone nyumba yakale, ndipo pa malo alionse amafotokoza za anthu amene anayamba kuphika chakudyacho ndi amene anamanga nyumbayo. Ku Zanzibar alendo amayenda chotero m'tinjira ta mzinda wakale wa miyala uja akununkhiza zokometsera ndiwo. Ku Cape Town amakwera ku Bo-Kaap kukalaŵa zophikaphika za mbumba ya akapolo amene anatengedwa ku maiko a kum'maŵa. Ife aphunzitsi tikamva zotere timaziyesa maseŵera a anthu olemera. Koma tikalingalira mofatsa tipeza kuti wotsogolera alendoyo akugwira ntchito yathu yomwe, ndipo nthaŵi zina akuigwira bwino kutiposa. Maganizo athu ndi akuti mphunzitsi aliyense wa Sitandade 6, 7 kapena 8 ayenera kutuluka ndi ana ake kamodzi pa chaka, kukaphunzira mbiri ya kwawo poyenda pansi, ndipo khomo loloŵera m'phunzirolo likhale chakudya cha pa msika.

Tonse tikudziŵa m'mene phunziro la mbiri limayendera m'makalasi ambiri. Mphunzitsi amalemba pa bolodi zaka 1876, 1891, 1915 ndi 1964, ana amakopera m'makope, amaloŵeza ngati nyimbo, ndipo mayeso akatha zonse zimauluka. Choipa chachikulu si kuiŵalako ai. Choipa ndi chakuti mwana amachoka pa sukulu akukhulupirira kuti mbiri ndi nkhani ya Azungu ndi mafumu, yokhala m'mabuku, yosakhudza mai ake amene amagulitsa zitumbuwa pa njira. Chakudya chimathetsa vuto limeneli chifukwa palibe mwana amene sachidziŵa. Amene amalephera kuŵerenga ndime yaitali amadziŵa kusiyanitsa usipa ndi matemba, ndipo mphunzitsi wanzeru amayambira pa chimene mwana akudziŵa kale kuti amfikitse pa chimene sakuchidziŵa.

Tiyeni titenge mzinda wa Blantyre monga chitsanzo, pakuti ulendo wake ndi woti ana a msinkhu umenewu angathe kuumaliza m'maŵa umodzi. Tiyambira pa Mishoni. Apa ndi pamene amishoni a Church of Scotland anakhazikika mu 1876, m'dziko la mfumu Kapeni, natcha malowo dzina la mudzi umene David Livingstone anabadwira ku Scotland. Ana adzachita chidwi ndi tchalitchi cha St Michael and All Angels, chimene chinamangidwa kuyambira mu 1888 kufikira mu 1891 motsogozedwa ndi David Clement Scott, munthu amene sanaphunzire ntchito yolemba mapulani a nyumba. Mabuku amatchula dzina la Scott, koma mphunzitsi afunse ana kuti: njerwa zonsezi anaumba ndani, anaotcha ndani, ndipo anazikweza pamwamba paja ndani? Yankho ndi lakuti anali anthu a kuno komwe, makolo a ana amene aimirira pamenepowo. Asanachoke, awauzenso kuti m'munda wa Mishoni yomweyi ndimo munabzalidwa mbande za khofi zochokera ku Edinburgh mu 1878, ndi kuti tiyi anayamba wayesedwa pompano asanakakhazikike ku Mulanje. Tiyi amene mwana wamwa m'maŵa, pamodzi ndi sikono imene dzina lake lomwe linabwera ndi anthu a ku Scotland, zayamba tsopano kukhala ndi mbiri.

Potsikira m'tauni, ana aziŵerenga maina a miseu ndi kuwalemba. Victoria Avenue ikutikumbutsa mfumukazi imene inali pa mpando pamene dziko lino linaloŵa m'manja mwa Britain mu 1891. Glyn Jones Road ikutchula bwanamkubwa wotsiriza wa Nyasaland. Haile Selassie Road ikutchula mfumu ya ku Ethiopia imene inadzacheza kuno mu 1965, ufulu utangobwera kumene. Mu mseu womalizawu ndi m'mbali mwake muli masitolo a Amwenye, ndipo apa mpamene samusa aloŵa m'phunziro. Ana amadya samusa osadziŵa kuti anafika kuno ndi amalonda ochokera ku India, amene anayamba kukhazikika m'dziko muno m'zaka za m'ma 1890. Mandasi nawo ali ndi abale ao ku gombe la nyanja ya mchere, kumene Aswahili amawatcha ndi dzina lofanana ndi lathuli. Mwana woganiza adzafunsa yekha kuti Aswahili anafika bwanji kuno, ndipo funso limenelo ndilo likutsegulira mphunzitsi nkhani ya malonda a minyanga ya njovu ndi akapolo.

Pa msika, m'mphepete mwa mtsinje wa Mudi, ndi pamene tiyenera kukhalitsa, chifukwa apa mpamene pali phata la phunziro lonse. Mphunzitsi agaŵe ana m'timagulu, kagulu kalikonse kapatsidwe mbali yake ya msika ndi mafunso aŵiri okha: chakudya ichi chachokera kuti lero, ndipo chinachokera kuti kalekale? Funso loyamba ayankha ndi ogulitsa. Usipa ndi chambo zachokera ku nyanja ya Malaŵi, matemba ku nyanja ya Chilwa, kachewere ku Ntcheu ndi ku Dedza, mpunga wonunkhira wa Kilombero ku Karonga. Mosazindikira ana ajambula mapu a dziko lao lonse ali chiimire pa malo amodzi.

Funso lachiŵiri ndi la mphunzitsi, ndipo yankho lake limadabwitsa ngakhale akuluakulu. Chimanga, chimene timachiyesa chathuchathu, kwao ndi ku America, ndipo chinafika mu Africa pambuyo pa chaka cha 1500 kudzera m'malonda a pa nyanja. Chinangwa, mbatata, mtedza, matimati ndi tsabola nazonso zinachokera ku America komweko, ndipo dzina loti mbatata tinalitenga kwa Apwitikizi. Mango kwao ndi ku India. Nanga makolo athu ankadya nsima yanji zonsezi zisanabwere? Mphunzitsi apite ndi ana pa lichero la mapira ndi la maŵere, awaonetse nzama ndi khobwe, awauze kuti izi ndizo mbewu zakale za mu Africa, zopirira ku chilala, zimene tinazikankhira pambali titakonda ufa woyera. Ndipo ngati pa msikapo papezeka kalongonda, ana amve za Alomwe amene anaoloka malire kuchokera ku Mozambique mwaunyinji cha m'ma 1900, ambiri a iwo nakagwira ntchito ya thangata m'minda ya Azungu ku Mulanje, Thyolo ndi Chiradzulu.

Msika umaphunzitsanso za masiku amene munalibe kanthu m'malichero. Mu 1949 mvula itakanika, njala inasautsa kwambiri boma la Blantyre ndi maboma oyandikana nalo, anthu mpaka kudya mizu ya mitengo ndi gaga. Amene anali ana pa nthaŵi imeneyo ndipo akadali moyo ndi okalamba kwambiri tsopano. Mwana aliyense apatsidwe ntchito yokafunsa agogo ake kapena nkhalamba ya pafupi za njala imene iwo akuikumbukira, kaya ya 1949 kapena ya 2002: anadya chiyani, anapita kuti, anawathandiza ndani. Mau a akuluakulu akoma akagonera, koma eni mauwo sadzakhala nafe mpaka kalekale, ndipo mbiri yosalembedwa imapita nawo kumanda.

Kuchoka pa msika tikwera kamtunda kupita ku Mandala. Nyumba yosanja imene ili pamenepo inamangidwa mu 1882 ndi kampani ya African Lakes, imene inkayendetsedwa ndi abale aŵiri, John ndi Frederick Moir. Dzina loti Mandala anthu anapatsa John chifukwa cha magalasi amene ankavala, ndipo linafalikira ku kampani yonse ndi malo omwe. Katundu wa kampaniyi ankachoka ku madoko a pa Shire pa mitu ya amtengatenga, kufikira njanji inafika ku Blantyre mu 1908. Pano mpamenenso ena mwa anthu a John Chilembwe anafika usiku mu Januwale 1915 kudzathyola nyumba yosungiramo mfuti, ndipo anangopeza zoŵerengeka. Mwana amene wamva za thangata pa lichero la kalongonda mphindi zochepa zapitazo sadzavutika kumvetsa chimene chinawaŵa mtima anthu amenewo. Chaka cha 1915 chaleka kukhala nambala ya pa bolodi.

Tikudziŵa kuti ena adzatsutsa, ndipo zifukwa zao si zopanda pake. Choyamba adzati nthaŵi palibe, silabasi ndi yaitali ndipo mayeso a Sitandade 8 sadikira munthu. Tiyankha kuti m'maŵa umodzi umenewu muli mitu ingapo ya mbiri, ya za malo, ya ulimi ndi ya masamu, pakuti mitengo ya pa msika ndi masamu okhaokha. Chimangirizo cha Chicheŵa chimene ana adzalemba maŵa lake chidzakhala ndi nyama, chifukwa adzalemba zimene aona ndi maso ao.

Chachiŵiri adzati ana ndi ochuluka. Zoonadi, chiyambire maphunziro aulere a pulaimale mu 1994 si chachilendo kupeza kalasi la ana oposa 100, ndipo palibe munthu angaloŵe pa msika ndi khamu lotere. Njira yake ndi kugaŵa kalasi pa masiku angapo, kupempha mphunzitsi mnzathu ndi makolo aŵiri kapena atatu a m'komiti ya sukulu kuti atiperekeze, ndi kuŵerenga ana ponyamuka, pa malo alionse oimapo, ndi pobwerera. Chilolezo cha mphunzitsi wamkulu ndi cha makolo chipezeke ulendo usanachitike.

Chachitatu ndi nkhani ya matenda, ndipo iyi sitingaichepse. Mu Januwale 2023 sukulu za mu Blantyre ndi Lilongwe zinachedwa kutsegulidwa chifukwa cha kolera. Choncho ulendo usachitike nthaŵi ya mliri kapena pakati pa dzinja. Ana asalaŵe chilichonse chimene angochipeza. Mphunzitsi asankhiretu zakudya ziŵiri kapena zitatu, monga nthochi zosenda okha, mtedza wokazinga kapena mbatata yootcha ikadali ya moto, ndipo atenge madzi ndi sopo. Zolaŵazo zigulidwe pamodzi ndi kugaŵidwa mofanana, ndipo mwana asaloledwe kubwera ndi ndalama zake. Tikalekerera pamenepa, mwana wa wolemera adzadya tchipisi pa chiwaya mnzake wosauka akumeza malovu, ndipo phunziro limene ana adzatenga lidzakhala losiyana ndi limene tinakonza. Tikachita bwino, mwana amene amabisa chinangwa chake pa nthaŵi yopuma, kuchita manyazi ndi anzake a buledi, adzamva kuti chinangwacho chinaoloka nyanja yaikulu ndipo chapulumutsa anthu ambiri m'zaka za njala.

Chachinai adzati ambiri a inu mudzatumizidwa ku sukulu za kumudzi kumene kulibe Mandala kapena Victoria Avenue. Koma palibe malo opanda mbiri. Ku Nkhotakota mpunga udzakufikitsani kwa a Jumbe. Ku Zomba, limene linali likulu la dziko kufikira mu 1975, msika ndi nyumba zakale za boma zili moyandikana. Mangochi inali Fort Johnston. Ngakhale pa kamsika ka tsiku limodzi pa sabata pali sitolo yakale, chigayo choyamba, mtengo wa mango umene wina anabzala, ndi nkhalamba yodziŵa amene anaubzala.

Chimene chimasiyanitsa phunziro ndi kungoyendayenda ndi kukonzekera kwa mphunzitsi. Wotsogolera alendo uja sayenda njira imene sanaiyendepo, ndipo ifenso tiyambe tayenda tokha, wotchi ili pa mkono, kuona pooloka mseu, pokhala mthunzi ndi pamene pali chimbudzi. Tikaonane ndi woyang'anira msika, ndipo tipemphe amai ndi abambo ogulitsa ngati angalole kufunsidwa, pakuti iwo ali pa ntchito yopezera ana ao chakudya. Ana aphunzitsidwe kupereka moni mwaulemu, kufunsa asanagwire kanthu, ndi kuthokoza pochoka. Malo oimapo asapitirire asanu, ndipo pa malo alionse mphunzitsi alankhule mwachidule, nthaŵi yotsalayo ikhale ya mafunso a ana. Koposa zonse tinene zoona. Wotsogolera alendo angathe kukometsera nkhani kuti alandire ya sopo, koma mphunzitsi alibe ufulu umenewo. Mwana akafunsa chimene sitinachikonzekere, funsolo lilembedwe m'kope, ndipo kalasi lonse likafufuze. Safunsa anadya phula.

Inu amene mukupita kukayesera kuphunzitsa chaka chino, musanafike pa mutu wa mbiri ya dera lanu, tengani kope Loŵeruka lina mupite pa msika wa pafupi ndi sukulu yanu. Lembani zakudya khumi, mufufuze kumene chilichonse chinachokera, ndipo mupeze nyumba kapena mtengo wakale kwambiri pa malowo ndi munthu wodziŵa nkhani yake. Kenaka pitani kwa mphunzitsi wamkulu ndi dongosolo lolembedwa bwino, lokhala ndi tsiku, njira, maina a operekeza ndi mafunso a ana, mukapemphe m'maŵa umodzi wokha.