Mwana akati gemu siima, tiyambe tafufuza tisanazule waya

Akonzi,

Ndipatseniko danga m'nyuzipepala yathuyi kuti ndiyankhulepo pa nkhani yooneka yaing'ono koma imene yayamba kudanitsa makolo ndi ana m'makomo ambiri. Ndikunena za makina a magemu olumikiza ku wailesi yakanema, aja otchedwa PlayStation, Xbox kapena Nintendo. Kale tinkangomva kuti ali m'tauni, koma lero afika ndi kumudzi komwe. Ena abwera ndi abale athu ogwira ntchito ku Joni, ena ali m'timashedi ta pamsika momwe ana amalipira kuti asewere mpira wapakanema. Mkangano wake umayamba chimodzimodzi paliponse. Mayi aitana mwana kuti adzadye kapena akatunge madzi, iye n'kuyankha kuti, "Dikirani pang'ono amayi, iyiyi siima." Mayi aja amva ngati mwano, bambo azula waya kukhoma, mwana akagona ndi mkwiyo nsima ili m'mbale.

Maganizo anga ndi akuti mwanayo nthawi zina amanena zoona, nthawi zina amanama, ndipo kholo losadziwa kusiyanitsa ziwirizi liweruza mlandu mokhota. Pa zaka zimene ndinali mphunzitsi wamkulu ndinaona kuti mwana amaiwala msanga chilango chimene chinamuyenera, koma chilango cha mlandu umene sanapalamule amachisunga mumtima mpaka kukula. Ndinaonanso kuti mwana akazindikira kuti pali chinthu chimene akulu sachidziwa, amachisandutsa pobisalira. Akulu akale anati safunsa anadya phula. Tiyeni tsono tifunse kumene batani loimitsira gemu linachokera, mmene limagwirira ntchito, ndi chifukwa chake nthawi zina limakana.

Magemu amenewa asanafale m'makomo ku America ndi ku Japan, anthu ankawasewera m'mabala ndi m'masitolo, pa makina aakulu oponyamo ndalama yachitsulo. Pamakina amenewo panalibe poimitsira, pakuti mwini wake ankafuna kuti wosewera agonje msanga, wina aponyemo ndalama yake. Kuimitsa kunayamba pamene gemu inasanduka katundu wa m'nyumba. Mu 1976 kampani ya Fairchild ya ku America inatulutsa makina otchedwa Channel F, amene ntchito yowakonza inatsogoleredwa ndi injiniya wachikuda, Jerry Lawson. Makinawo anali ndi batani lolembedwa kuti Hold, ndipo munthu akalidina zonse zapakanema zinkaima nji. Atari 2600 ya mu 1977, ngakhale inatchuka kwambiri, inalibe batani lotere. Kampani yomweyo inadzaliika pa Atari 5200 mu 1982, ndipo ulendo uno linali pa chogwirira m'manja chija ana athu amati padi.

Ku Japan, kampani ya Nintendo inatulutsa Famicom mu 1983, ndipo batani la Start, loyambitsira gemu, ndi lomwenso linkaiimitsa. Chodabwitsa n'chakuti pa mapadi awiri a makinawo, yoyamba yokha ndiyo inali ndi Start; wogwira yachiwiri analibe podina. Anzawo a Sega, pa makina awo a Master System amene anafika ku America mu 1986, anaika batanilo pabokosi penipenipo, moti wosewera ankayenera kudzuka pampando kuti akalidine. Ndatchula zaka zonsezi kuti owerenga aone mfundo imodzi: okonza makinawa anazindikira okha kuti m'nyumba mumabwera alendo, mumapsa ndiwo, mumalira khanda, ndipo gemu iyenera kudikira munthu. Tsono kholo likauza mwana kuti aimitse, silikupempha chachilendo. Likupempha chinthu chimene eni ake anachikonzeratu kalekale.

Kagwiridwe kake ka ntchito si kovuta kumva. M'kati mwa gemu muli ngati wotchi imene imagunda ka 30 kapena ka 60 pa sekondi imodzi. Ikagunda, makina amawerengera pomwe mpira wafika, pomwe osewera athamangira, ndi mphindi zimene zatsala, kenaka n'kujambula chithunzi chatsopano. Batani lija likadinidwa, makina amaleka kuwerengera koma amapitiriza kuonetsa chithunzi ndi kumvetsera ngati batanilo ladinidwanso. Zili ngati bawo limene anthu awiri alisiya pansi pa mtengo kuti akalandire mlendo. Pobwera apeza nkhomo zili m'maenje momwe anazisiya. Choncho mwana akamasewera yekha, kapena ndi mnzake amene akhala naye pamphasa imodzi, wotchi ija ili m'nyumba mwanu momwemo ndipo ingathe kuima nthawi iliyonse. Mwana wotere akati siima, pafupifupi nthawi zonse akukuphimbani m'maso.

Zinthu zimasintha makina aja akalumikizidwa pa intaneti. Pamenepo wotchi ija imakhala pa kompyuta ina yakutali, mwina ku Johannesburg kapena ku Ulaya, ndipo ikuyendetsera anthu ambiri nthawi imodzi. Gemu ya Fortnite, imene inatchuka kuyambira mu 2017, imasonkhanitsa anthu okwana 100 m'bwalo limodzi. Mmodzi sangaimitse anzake 99 chifukwa choti amayi ake apakula nsima. Akasiya padi, munthu wake wapakanema amangoima chilili mpaka anzake kumugonjetsa. Gemu ya mpira ija inkadziwika kuti FIFA, imene kuyambira mu 2023 ikutchedwa EA Sports FC, imalola wosewera pa intaneti kuimitsa kangapo kokha, ndiponso kwa masekondi owerengeka. Wotulukira pakati amawerengedwa kuti wagonja. Mwana wotereyu ali ngati goloboyi wa timu ya pasukulu amene mwamuitana mpira uli m'kati. Akachoka, wakhumudwitsa anzake enieni amene amamudalira.

Palinso magemu ochepa amene eni ake anachita dala kuwamana batanili ngakhale munthu akusewera yekha. Kampani ya FromSoftware ya ku Japan inatero pa Dark Souls mu 2011 ndi pa Elden Ring mu 2022, pofuna kuti wosewera azikhala pa mantha nthawi zonse. Koma ngakhale amenewa ali ndi njira yotulukira imene imasunga pomwe munthu wafika, ndipo sanakonzedwere ana a ku pulayimale. Mukawapeza m'manja mwa mwana wa Sitandade 5, vuto layambira pogula pomwe.

Akonzi, tisiyanitsenso kuimitsa ndi kusunga, kumene ana amati kuseva, pakuti apa ndi pamene misozi yambiri imachokera. Gemu yoimitsidwa imakumbukira pomwe yafika pokhapokha magetsi akuyaka. Mukazula waya, kapena magetsi akathima monga amachitira kwathu kuno, zonse zimene mwana sanasunge zimafufutika. Kusunga ndiko kulemba pamalo osafufutika. Mu 1987 gemu ya The Legend of Zelda inagulitsidwa ku America ili ndi kabatire m'kati kosungira pomwe munthu walekezera, ndipo PlayStation yoyamba ya mu 1994 inali ndi kakhadi kosungirapo. Makina atsopano anapita patsogolo. PlayStation 4 kuyambira mu 2015 imatha kugonekedwa gemu ili pakati, ngakhale kuti magetsi akazima imaiwala. Nintendo Switch ya mu 2017 ili ndi batire lakelake. Xbox Series X ndi Series S za mu 2020 zimakumbukira magemu angapo pomwe anaimira ngakhale zitazulidwa kumagetsi. Koma zambiri zimene zimafika kumudzi kuno ndi zakale zogula kwa ena, ndipo pa zimenezo kuzula waya kuli ngati kung'amba kope la mwana momwe walembamo ntchito ya sabata yathunthu. Kuzulazula kumathanso kuononga makina amene munthu anawagula ndi thukuta.

Ndikudziwa kuti ena mwa anzanga okalamba anena kuti, "Aphunzitsi, mwayamba kuikira kumbuyo mwano. Ife makolo athu akaitana tinkasiya chilichonse n'kuthamanga." Zoonadi tinkathamanga, ndipo sindikunena kuti gemu ikhale pamwamba pa mawu a kholo. Nyumba ikamapsa, kapena agogo akadwala mwadzidzidzi, gemu ithe pomwepo, mwana agonje, palibe kukambirana. Koma tikumbukirenso bwino. Makolo athu anzeru sankaitana mnyamata pakati pa gule kuti akatsekere nkhuku. Ankamuuza dzuwa likadali pamwamba kuti atsekere kaye asanapite. Kusukulu nakonso tinkaimba belu nthawi yodziwika, ndipo ana ankadziwiratu kuti kupuma kutha liti. Ulemu umakula bwino pamene lamulo lanenedwa zinthu zisanayambe. Kuwongola mtengo n'poyamba.

Chimene ndikupempha makolo anzanga ndi ichi. Choyamba, khalani pansi tsiku limodzi, muuze mwana akuonetseni batani loimitsira. Pa PlayStation zakale limalembedwa Start, pa PlayStation 4 ndi Options, pa Xbox zatsopano lili ndi timizere titatu, pa Switch lili ndi chizindikiro chophatikizira masamu. Lidineni nokha muone. Palibe manyazi kuphunzira kwa mwana wako, ndipo iye akaona kuti mwalidziwa, bodza lija limatha lokha. Chachiwiri, dziwani ngati makina a m'nyumba mwanu ali pa intaneti. Ngati sali, mawu akuti siima musawalandire wamba. Chachitatu, ngati ali pa intaneti, pangani lamulo lakuti mwana asayambe masewero atsopano nthawi ya chakudya, ya ntchito kapena ya mapemphero ikayandikira. Masewero amodzi a mpira amatha m'mphindi 15 kapena 20. Mayi akamatereka madzi a nsima angonena kuti, "Ameneyo ndi womaliza." Mwana akayamba wina pambuyo pa chenjezolo, mlandu ndi wake, ndipo padi ikagone m'chipinda cha makolo mpaka mawa. Chachinayi, musanazimitse, mupatseni mphindi imodzi yosungira. Makina a masiku ano alinso ndi poikira malire a nthawi imene mwana angasewere patsiku. Amene akukhala ndi mdzukulu wodziwa za mafoni amupemphe awatcherere.

Kwa anawo ndinena mwachidule. Mwapatsidwa batani limene anzanu a mu 1977 analibe. Mukamanamiza makolo kuti gemu siima pamene imaima, tsiku limene mudzanene zoona palibe adzakukhulupirireni. Ndipo mukaona kuti gemu mwaiimitsa koma mtima ukukanika kuima, nsima simukuimva kukoma, m'kalasi maganizo ali pakanema, dziwani kuti chinthucho chayamba kukulamulirani.

Pamenepa ndiye pagona nkhawa yanga yeniyeni. Mu 2019 bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO linavomereza kuika kukanika kudziletsa pa magemu m'ndandanda wa matenda, ndipo ndandandawo unayamba kugwira ntchito mu 2022. Zizindikiro zimene linatchula ndi zitatu: munthu kulephera kulamulira nthawi yoyamba ndi yolekera, kuika gemu patsogolo pa zina zonse za moyo, ndi kupitiriza ngakhale akuona kuti zikumuononga, ndipo kawirikawiri izi zikhale zitachitika kwa miyezi 12. Si mwana aliyense wokonda gemu amene akudwala, ndipo tisathamangire kumutcha dzina. Koma batani loimitsira ndi muyeso wabwino umene kholo lililonse lili nawo m'nyumba. Mwana amene amaimitsa, n'kukadya, n'kukatsuka mbale, n'kubwerera, ali bwinobwino. Amene amakalipa, kulira kapena kuba ndalama za kushedi, ngakhale gemu yake ndi yotheka kuima, afunika kukhala naye pansi msanga. Boma la China mu 2021 linafika polamula kuti ana osakwana zaka 18 azisewera magemu a pa intaneti ola limodzi lokha, Lachisanu, Loweruka, Lamulungu ndi masiku a tchuthi. Ine sindikhumba kuti boma lichite kutilowera m'nyumba chotero. Ntchitoyi ndi yathu.

Abusa, ansembe ndi akulu a mipingo amene mumawerenga tsamba lino, milandu ya m'mabanja yambiri imafikira kwa inu. Akakubweretserani mwana amene akuti wasanduka wamwano chifukwa cha gemu, funsani mafunso awiri musanalangize: gemuyo inali yotheka kuima kodi, nanga anachenjezedwa asanayambe? Mayankho ake adzakuonetsani ngati wofunika uphungu ndi mwana, kholo, kapena onse awiri. Nawonso eni timashedi ta magemu atithandize. Asamalandire ndalama ya mwana wovala yunifolomu nthawi ya sukulu, ndipo kholo likatuma uthenga woitana mwana, aimitse gemu n'kumusungira mphindi zake zotsala kuti asaope kutaya ndalama yake. Mwana wa mnzako ngwako yemwe.

Makinawa abwera ndipo sabwerera kumene achokera. Chimene tingathe ndi kuwadziwa bwino kuti m'nyumba mwathu tiziweruza mwachilungamo, ndi kuphunzitsa ana kuti chala chimene chimadina Start poyamba chizithanso kudina pamene mayi aitana.

Ine wanu,
Mphunzitsi Wamkulu Wopuma,
Ntchisi.