TSIKU LA PA KALATA YOKWEZA WAPOLISI

Pali dandaulo limene limveka kawiri-kawiri pakati pa apolisi, ndipo anthu a m'midzi ya Chipata, Chadiza ndi Vubwi ayenera kulidziwa, pakuti amene abvala yunifomu imeneyi ndi ana ao omwe. Wapolisi apatsidwa kalata yakuti agwirizire udindo wa mkulu wace, monga kuyang'anira polisi yaing'ono ya kumudzi, ndipo agwira nchitoyo zaka ziwiri kapena zitatu. Pamene kalata yomukweza ifika kucokera ku Lusaka, apeza kuti yalembedwa tsiku la dzulo-dzuloli. Zaka zonse zija sizinawerengedwe.

Ena adzati nkhani yace ndi ya nyota ya paphewa cabe. Iai. Tsiku la pa kalatayo ndilo linena pamene malipiro atsopano ayambira. Ndilonso linena amene ali wamkulu pakati pa anthu awiri amene anatsiriza pamodzi maphunziro ao ku Lilayi, ndipo wocedwa pa nyota yoyamba adzacedwanso pa yaciwiri kufikira tsiku lopuma nchito.

Mphunzitsi akalakwiridwa cotere athamangira ku bungwe lace la anchito. Wapolisi alibe bungwe lotero, cifukwa lamulo loona za mabungwe a anchito silikhudza apolisi, asilikali ndi oyang'anira ndende. Iye sangathe kunyanyala nchito, ndipo nkoyenera kuti asatero, pakuti mbala za ng'ombe sizipumula. Cimene cimtsalira ndico kulemba dandaulo kupyolera mwa akulu ace omwewo, kufikira ku Police Service Commission, bungwe limene malamulo akulu a dziko a caka ca 2016 analipatsa nchito yoona za kulembedwa ndi kukwezedwa kwa apolisi. Akalephera kumeneko, kwatsala khoti lalikulu. Koma sajeni wa kumalire a Mwami adzapeza kuti ndalama za loya? Mlandu umodzi ungathe kudya zonse zimene iye ali kulondola, ndipo Boma nalo litaya ndalama za anthu podziteteza.

Kuti bungweli lingathe kukonza colakwa popanda woweruza, dziko lonse linaona. M'caka ca 2019, pambuyo pa ndeu za pa cisankho capadera ku Sesheke, apolisi ena anapumitsidwa nchito mokakamiza. Citapita cisankho cacikulu ca 2021, anabwezedwa pa nchito. Nkhani yao inamveka pa wailesi ndi m'manyuzipepala. Ya sajeni wa kumudzi simveka, koma mphamvu yoikonza ndi yomweyo.

Cofunika ndi lamulo limodzi lomveka kwa onse: munthu amene anagwirizira udindo ndi kalata, nagwira bwino, akatsimikizidwa pa udindowo tsiku lace liyambire pamene anayamba kuusenza. Kucedwa kwa mapepala m'maofesi kusalipiridwe ndi iye amene anali pa nchito usiku ndi usana.

Komanso apolisi asamve ngati khomo latsegukira ali yense. Alipo ena amene afuna kuti nyota yao ibwezedwe m'mbuyo zaka zisanu cifukwa cakuti mnzao wa kalasi limodzi anawapitirira. Kumeneko ndi kudandaula kwa mtima, si mlandu. Kubweza tsiku la munthu mmodzi popanda umboni ndiko kutsitsa anzace ambiri amene sanalakwe kanthu, ndipo mawa iwonso adzapita ku khoti.

Akulu anati mlandu suola, koma ku khoti uola ndithu: mlandu wa malipiro uyenera kuperekedwa zisanathe zaka 6. Cotero makolo ndi akazi a apolisi awakumbutse kusunga kalata iri yonse yogwirizira udindo, ndi kulemba dandaulo lao akali pa nchito, osadikira tsiku lobweza yunifomu.