Mwana wa m'golosale akalemba za bambo ake

Mayi Annie Ernaux a ku France, omwe analandira mphoto ya Nobel ya zolembalemba mu 2022, anakulira ku Yvetot, katauni ka m'chigawo cha Normandy, kumene makolo awo anali ndi golosale ndi malo omwera khofi. Bambo awo anayamba ndi kulima m'minda ya eni, kenako analowa ntchito m'fakitale. Mwanayo anaphunzira mpaka kukhala mphunzitsi, koma sukulu imene makolo anaikhetsera thukuta ndi yomwenso inamuphunzitsa kuchita manyazi ndi kalankhulidwe ka kwawo. Bambowo anamwalira mu 1967. Mayi Ernaux anayamba kuwalembera nkhani yopeka, koma anaisiya poona kuti kukometsera kukunamizira moyo wa munthu wovutika, ndipo mu 1983 anatulutsa La Place, buku losimba za bambowo m'mawu osakuluwika. Ine ndikuti ana a kuno ku Lisungwi amene sukulu inawatengera ku Blantyre ndi ku Zomba ali ndi ngongole yolemba mabuku otere.

Ena anena kuti uku n'kuyalutsa makolo, pakuti kwathu kuno za m'nyumba saulutsa, ndipo pamaliro timatchula zabwino zokhazokha. Nkhawayi njomveka, chifukwa womwalira sangadziyankhire. Koma taonani zimene kukhala chete kwatitayitsa. Anthu othawa nkhondo ya ku Mozambique anakhala zaka zambiri kumsasa wa Luwani, m'boma lathu lino la Neno, ndipo msasawo unatsegulidwanso mu 2016. Malipoti a mabungwe anasunga chiwerengero cha anthu ndi matumba a ufa, koma sanasunge zimene mayi wa m'mudzi woyandikana ankanena pogawana nkhuni ndi mlendo, kapena mmene bambo wogulitsa makala pa Zalewa ankabisira mwana wake kuti fizi yachokera ku katapila. Zoterezi amazidziwa ndi mwana wa m'nyumbamo yekha, ndipo akapanda kulemba zimapita kumanda pamodzi ndi eni ake.

Ena akanena kuti kulemba mabuku otere n'kwachizungu, tikumbuke kuti Legson Kayira anasimba za umphawi wa kwawo ndi ulendo wake wapansi wofuna sukulu m'buku lake la I Will Try mu 1965, Mayi Ernaux asanatulutse buku ndi limodzi lomwe. Chimene tingaphunzire kwa mayiwa ndi chilungamo cha kalembedwe: mlandu amayamba adziimba okha. M'buku la La Honte la 1997 anafotokoza tsiku limene bambo awo anafuna kupha mayi awo, koma chimene anachifukula kwambiri ndi manyazi amene iwo eni, ali ndi zaka pafupifupi 12, anayamba kuchita ndi banja lawo pamaso pa anzawo a kusukulu ya masisitere. Wolemba wa ku Neno wofuna kutchula za kuledzera kwa bambo ake ayambe wavomera tsiku limene anawazemba pageti ya sekondale chifukwa anabwera atavala zigamba.